Zitumbuwa za Khobwe za Dona Benedita

Okutobala 1971

Ntchito yanga yoyamba kuno ku Canada ndinaiyamba patatha miyezi isanu chifikireni ku Toronto. Ndinabwera kutsatira bambo anu, amene ankaphunzira zamadzi kuyunivesite, ndipo iwe Tiyamike ndinabwera nawe kumsana usanakwanitse chaka. Kwathu ku Dedza ndinali nditagwira kale zaka zinayi pachipatala cha mishoni. Ndinkabereketsa amayi, kubaya jakisoni, kusoka mabala, ndipo adokotala akachokapo wodi yonse ya amayi inkatsala m'manja mwanga. Kuno munthu wa muofesi anatenga satifiketi yanga, anaiwerenga, anaitembenuza kuti aone kumbuyo, kenako anandibwezera n'kunena kuti ndiyenera kulembanso mayeso awo. Podikira zimenezo ndinalowa ntchito yothandizira manesi m'nyumba ina yosamalira okalamba ndi odwala matenda amgonagona, chakumadzulo kwa mzinda. Dzina lake sinditchula. Inatsekedwa kalekale, pamalopo anamangapo nyumba zosanja.

Bwana wathu anali Mayi Dalton, metironi, mzimayi wamtali woyenda ndi mulu wa makiyi m'chiuno. Sanali wankhanza koma sankaseka pantchito. Tsiku loyamba anandifunsa ngati ndimatha kuyala bedi wodwala ali pomwepo. Ndinati ndimatha. "Tikaone," anatero, n'kunditsatira mpaka pabedi. Nditamaliza anangogwedeza mutu n'kumapita, ndipo anzanga anandiuza kuti kumeneko ndiye kuyamikira kwawo. Ntchito inali yowawa, ana anga. Pansanjika yachiwiri panali odwala oposa makumi atatu, othandizira tinali awiri, ndipo mnzako akadwala unkatsala wekha. Nsalu zoyala zinkatha sabata isanathe moti tinkachita kubisirana. Amuna olemera ndinkawanyamula ndekha, msana umene ukundisautsa lerowu unayambira pamenepo. Odwala ena sankafuna n'komwe kuti ndiwakhudze. Gogo wina ankakuwa ndikangolowa kuti wakudayo atuluke, koma patatha chaka ndi yemweyo ankakana kudya ngati womudyetsa si ine.

Tinkadyera m'chipinda cha pansi, pafupi ndi khitchini. Ine ndinkakhala pakona ndekha chifukwa chakudya changa chinkachulutsa mafunso. Tsiku lina ndinatenga khobwe wophika, amene ndinamupeza m'sitolo ya munthu wa ku Jamaica kumsika wa Kensington. Nditangovundukula mbale ndinamva kuti kumbuyo kwanga kwaima munthu. Anali mayi wachikulire wakuda ngati ine, wamfupi, wa mikono yolimba, atamanga duku loyera. Ndinkawaona akutsuka mapoto koma tinali tisanalankhulane. Analoza m'mbale mwanga n'kunena kuti, "Fradinyo."

"Khobwe," ndinatero.

Anayesa kutchula, lilime linawakanika, tonse tinaseka. Anakhala pansi osaitanidwa, anatenga kanjere kamodzi n'kukapsinya ndi zala mpaka khungu linasupuka. Kenako anati m'Chingerezi chawo chothyokathyoka, "Ameneyu timamuvula malaya. Ukudziwa?"

"Ndikudziwa, mayi. Kwathu timatero tikafuna kuphika chipere."

"Ndiye manja ako ndi ophunzira kale. Loweruka ubwere kwanga."

Amenewo anali Dona Benedita, a ku Bahia m'dziko la Brazil. Anabwera kuno ngati wophika wa banja lina la azungu limene linagwirako ntchito kwawoko. Banjalo litatha, mwamuna kwake mkazi kwake, iwo anatsala opanda kolowera mpaka anapeza ntchito ya mapoto kwathuko. Kwawo anasiya mwana mmodzi wamkazi, dzina lake Lurdes, ali ndi zaka zisanu ndi zinayi, m'manja mwa mng'ono wawo. Pamene tinkadziwana n'kuti Lurdes ali pabanja ndi ana awiri amene agogo awo anali asanawaonepo.

1972

Loweruka limenelo silinafike msanga. Mafuta panalibe. Dona Benedita ankati zitumbuwa zawo, zomwe ankazitcha akaraje, sizikazingidwa m'mafuta wamba ayi, koma m'mafuta ofiira a kanjedza, omwe anzathu a ku Karonga amati mawese, iwo ankati dende. Masiku amenewo mafutawo ankapezeka m'sitolo imodzi yokha ya munthu wa ku Ghana, ndipo akatha pankapita miyezi asanabwere ena. Ndinawauza kuti tiyesere mafuta a chimanga. Anandiyang'ana ngati ndawatukwana. Tinadikira mpaka Epulo.

Ankakhala m'kachipinda kamodzi pamwamba pa sitolo ya nsomba, ndipo mwini nyumba ankadandaula ndi fungo la mafutawo, ngati kuti nsomba zake zinkanunkhira. Choncho tinagwirizana kuti tizikazingira kwathu. Anabwera pabasi ya panjanji atanyamula chikwama cholemera, muli chigayo cha pamanja chomangirira patebulo, mthiko waukulu ndi poto wakuda wachitsulo amene anachoka naye kwawo. Khobwe anandiuziratu kuti ndimuphwanye pang'ono ali wouma ndi kumuviika m'madzi kuyambira dzulo lake. Tinakhala pansi m'khitchini ndi beseni pakati pathu, tikufikisa khobweyo m'manja, makoko akuyandama, tikuwatsanula, tikuthiranso madzi ena. Ntchito imeneyi ilibe chidule. Pafunika kuti njere iliyonse iyere, pasatsale ndi kadiso kakuda komwe. Ine ndinkafulumira monga tinkachitira ndi chipere, iwo ankabweza zomwe ndati zatha n'kutolamo timakoko ndi chikhadabo. Dzina langa ndi Jesina koma iwo ankati Zezina. "Zezina, khoko limodzi likatsala, chitumbuwa chimachita manyazi."

Kenako tinapera khobweyo limodzi ndi anyezi, n'kuthira mchere. Ndinafunsa za ufa, za dzira, za soda. Anati palibe chilichonse mwa zimenezo. Chotupitsa ndi mkono wako. Anayika mbale pamiyendo n'kuyamba kupuntha phalalo ndi mthiko, kulikweza m'mwamba n'kuligwetsa, mpaka linatupa n'kupepuka ngati thovu. Atandipatsa mthiko ndinatopa posakhalitsa, ine amene ndinkanyamula amuna akuluakulu. M'mafuta anaponyamo anyezi wathunthu ndi makoko ake omwe kuti mafutawo asapserere. Anaumba ndi masupuni awiri, n'kutsetsereza m'mafuta pang'onopang'ono. Nyumba yonse inadzaza fungo limene sindingalifanizire ndi china. Kunja zinkachita kofiira ndi kokhuma, m'kati koyera ndi kofewa. Anazing'amba pakati n'kuikamo phala lina la buledi, mtedza ndi mkaka wa kokonati, tsabola wowawa, ndi tinkhanu touma ta kunyanja yamchere. Bambo anu anadya zisanu ali chiimire.

Koma ndinaona chinthu. Zoyamba kuphula sanatipatse. Anaziika pambale yadothi payokha, anaphimba ndi nsalu yoyera, n'kunong'ona mawu. Pochoka anapita nazo. Nditawafunsa Lolemba kuntchito sanabise. Anati mayi awo ndi agogo awo ankagulitsa akaraje m'misewu ya kwawo atavala zoyera, ndipo chakudyachi chili ndi mwini wake, mzimu wamkazi wa mphepo ndi mphezi wotchedwa Yansa, umene makolo awo anabwera nawo kuchokera ku Afirika pamene anatengedwa ukapolo. Iwo anaperekedwa kwa mzimuwo ali mtsikana. Zoyamba n'zake nthawi zonse, ndipo chaka chilichonse pa 4 Disembala, tsiku la Barbara woyera, ankamukazingira zisanu ndi zinayi n'kukazisiya pansi pa nsungwi. "Kuno nsungwi kulibe," anatero, "ndiye ndinasankha mtengo wina kupaki, kuseri kwa dziwe. Sanakanepo."

"Komatu inu mumapita ku Misa, kolona muli nayo m'khosimu."

"Ndi mikanda yofiira ya Yansa ndili nayonso m'khosi momwemu. Khosi langa silinadandaulepo."

Ine sizinandisekese. Bambo anga anali mkulu wa mpingo. Ndili ndi zaka khumi, mlongo wawo weniweni, azakhali anga, anakathira nsembe ya ufa patsinde pa mpoza mwana wawo atadwala, ndipo bambo anga ndi amene anaimirira pabwalo la mpingo kuti adulidwe. Azakhaliwo anamwalira asanabwezeretsedwe, maliro awo analibe nyimbo. Ndinakulira m'nyumba imeneyo. Sabata imeneyo ndinadya pakona ndekha. Lachisanu Dona Benedita anabwera n'kukhala pafupi nane. "Zomwe unadya zinali chakudya basi," anatero. "Zake ndinapita nazo. Sindidzakupempha kuti uzigwire." Ndinavomera. Kuyambira pamenepo, mafuta akapezeka, tinkakazinga. Mbale yadothi ija sindinkaikhudza, ngakhale kuitsuka.

1974 mpaka 1976

Zaka zimenezi zinali zolemera m'nyumba mwathu. Akulu awo a bambo anu anatengedwa ndi apolisi ku Zomba osauzidwa mlandu, ndipo uthenga unatifika kudzera mwa munthu wa ku Zambia kuti tisayerekeze kubwerera. Makalata a kumudzi ankafika atatsegulidwa n'kumatidwanso, muli za mvula ndi za mbuzi zokhazokha. Mu 1974 ndinapita padera. Chaka chotsatira ndinapitanso padera, pathupi pa miyezi isanu, mwana wamwamuna. Iwe Tiyamike sukumbuka, unangouzidwa kuti amayi akudwala. Amayi anga anali kutali, kalata yowauza inatenga milungu itatu. Amalawi m'mzinda wonse tinalipo owerengeka, ambiri anali amuna a pasukulu amene sakanadziwa choti anene.

Amene anabwera ndi Dona Benedita. Sabata ziwiri zathunthu, akaweruka ku mapoto awo, ankakwera basi kubwera kwathu. Ankandithowa ndi madzi otentha monga akanachitira amayi anga, ankachapa nsalu zamagazi ndi manja awo, ankakuluka tsitsi iwe, ankawaphikira bambo anu. Sananditonthoze ndi mawu ambiri, Chingerezi cha zimenezo analibe. Tsiku lina ndikulira anandigwira mutu n'kuutsamiritsa pachifuwa pawo, n'kunena kuti, "Lira, mwana wanga. Ine wanga ali moyo koma ndimamulira tsiku lililonse." Kuyambira tsiku limenelo sanandiitanenso Zezina pokhapokha akafuna kundidzudzula. Ndinali mwana wawo.

Mu 1976 ndinakhoza mayeso aunesi pa ulendo wachiwiri. Mayi Dalton anandiitana muofesi, ndinalowa mtima uli m'mwamba poganiza kuti ndalakwa. Anandipatsa makiyi a kabati ya mankhwala n'kunena kuti kuyambira Lolemba sanjika yachiwiri ndi yanga masana. Anawonjezera kuti, "Ndinadziwa tsiku la bedi lija." Ndi mawu okhawo okoma amene ndinawamva kwa iwo pa zaka zonse. Loweruka lake tinakazinga zambiri, tinaitana ndi Amalawi anzathu a mumzinda wa Hamilton omwe. Dona Benedita anadya theka la chimodzi n'kusiya. Anati mafuta a ulendo uno ndi olemera. Ine nesi watsopano, ndi makiyi anga, sindinaganizepo kanthu.

Disembala 1977

Anapita kuchipatala mu Ogasiti, atayamba kusanza chilichonse. Anawang'amba n'kuwasokanso osachotsa kanthu. Inali khansa ya m'mimba, itafalikira kale. Mwini nyumba uja anati sangasunge munthu wosatha kukwera masitepe. Ndinakagwada kwa Mayi Dalton, ndipo ngakhale panali mndandanda wa odikira malo, anawapatsa bedi la pazenera m'chipinda chomaliza cha pansanjika yanga. Munthu amene anatsuka mapoto a nyumbayo zaka khumi anagona pamwamba pa khitchini yake yomwe. Pofika Disembala ndinali woyembekezera iwe Madalitso, miyezi isanu ndi umodzi. Ndinkayenda ngati ndasenza dzira. Kakupweteka kalikonse ndinkathamangira kuchimbudzi kukaona.

Lachisanu pa 2 Disembala, ndikuwasintha zovala, anandigwira dzanja. Mikono yolimba ija inali itasanduka timitengo.

"Mkuja ndi tsiku lake," anatero.

"Ndikudziwa, mayi."

"Chiyambire ndili ndi zaka khumi ndi zitatu sindinaphonyepo. Ngakhale chaka chimene ndinafika kuno, sinowo ali m'mawondo. Ndinakulonjeza kuti sindidzakupempha. Ndikuphwanya lonjezo langa, mwana wanga. Zisanu ndi zinayi. Mtengo ukuudziwa, ndinakulozera. Sukuyenera kunena mawu alionse, ungoika pansi n'kutembenuka. Mawu ndinena ine ndili pompano."

"Mayi, mukudziwa kumene ndichokera."

"Ndikudziwa. Koma ndilibe wina. Ndikupita, ndipo sindikufuna kupita iye atandikwiyira."

Ndinawauza kuti ndikazinga. Zinazo sindinayankhe.

Loweruka ndinapita kwa munthu wa ku Ghana uja, mwamwayi anali ndi botolo limodzi. Madzulo ake ndikuviika khobwe ndinawafotokozera bambo anu. Ndinkayembekeza kuti andiletsa, kuti mlandu ukhale wawo. Sanatero.

"Amake Tiya, ndi zitumbuwatu izi. Ukaziika pansi adya ndi agologolo. Mulungu sangakukwiyire chifukwa chodyetsa agologolo."

"Kwa inu ndi zitumbuwa. Kwa iwo ndi nsembe. Ndikaziika ndikudziwa chimene ndikuika."

"Mayi amene uja anakuchapira magazi."

"Mukuganiza kuti ndaiwala?"

"Nanga ukuopa chiyani?"

Inu ndikuuzani chimene ndinawabisira iwo. Ndinkaopa zinthu ziwiri zosemphana. Ndinkaopa kuti ndikakaika, Mulungu andichotsera mwana wachitatu. Ndinkaopanso kuti mzimuwo ngati ulipodi, ndikaupatsa chakudya ndi manja anga undidziwa, udziwanso chimene chili m'mimba mwanga. Munthu wophunzira, wopereka mankhwala ndi muyezo, koma mantha anali amenewo.

Tsikulo linali Lamulungu. Sindinapite kutchalitchi. Bambo anu anakutenga iwe Tiyamike, ine ndinatsala ndekha ndi beseni. Ndinafikisa khobwe mpaka zala zinachita makwinya, ndinatola kadiso kalikonse. Ndinapera, ndinapuntha phala ndili chikhalire chifukwa cha mimba, ndikupumira, mpaka linatupa monga linkatupira m'manja mwawo. Zinatuluka bwino kuposa tsiku lina lililonse. Ndinawerenga zisanu ndi zinayi. Mbale yadothi inali m'katundu wawo amene tinkawasungira, ndinaitenga, koyamba kuigwira, n'kuphimba ndi nsalu yoyera.

Kupaki ndinapita, musaganize kuti sindinapite. Kunali mphepo yozizira yolowa m'mafupa, anthu ochepa oyendetsa agalu. Mtengo ndinaupeza kuseri kwa dziwe, waukulu, wopanda tsamba ndi limodzi. Ndinaima pamenepo mbale ikunditenthetsa m'manja. Ndinafika pogwada bondo limodzi. Pomwepo iwe Madalitso unagunda m'mimba, mwamphamvu, kawiri. Lero ndikudziwa kuti mwana amagunda mayi akawerama, ndawauzapo amayi ambirimbiri zimenezo. Tsiku limenelo sindinaganize choncho. Ndinadzuka mbale ili m'manja, ndinatembenuka, n'kukakwera basi.

M'basimo ndinaganiza zonama. Kukanakhala kosavuta. Ndikanataya zitumbuwazo m'bini, n'kukawaonetsa mbale yopanda kanthu, akanafa mumtendere. Ndinatsika pantchito pathu paja, bini ili pomwepo pageti, ndinaidutsa. Mpaka lero sindidziwa ngati kumeneko kunali kukhulupirika kapena nkhanza.

Nditalowa m'chipinda anatsegula maso chifukwa cha fungo. Anayang'ana mbale, anayang'ana ine. Ndinaika pabedi, iwo anavundukula nsalu n'kuziwerenga ndi chala chimodzichimodzi.

"Sunapite."

"Ndinapita, mayi. Ndinafika pamtengo. Zandikanika."

Ndinkafuna andikalipire, anditchule Zezina. M'malo mwake anatenga chimodzi, anachinyema pakati, anayang'ana m'kati mwake, ananunkhiza.

"Wapuntha bwino," anatero. "Lero ndiye wakhoza."

Kenako anati ndiwatsegulire zenera. Anati popeza mwini wake ndi mphepo, aziika okha pazenerapo ndi manja awo, mwina alandira. Zimenezo ndinavomera msangamsanga, ndinathamangira pazenera. Koma mazenera a nyumba ija ankakhomedwa ndi misomali nyengo yozizira ikayamba, kuti odwala asokonezeka mutu asamatsegule. Ndinakankha, ndinagogoda ndi chigongono, ndinayesa ndi supuni mpaka inapindika. Wokonza zinthu sankabwera Lamulungu. Ndinatsika kukafuna hamala kukhitchini, a kumeneko sanaipeze. Pobwerera ndinapeza atakankhira mbale kumiyendo, atatembenukira kukhoma.

"Zileke, mwana wanga, ungadzipweteke ndi mimbayo. Kawapatse a kukhitchini, zisazizire."

Ndinanena kuti mawa ndibwera ndi hamala ya bambo anu. Anati mawa si tsiku lake.

Masiku asanu amene anatsala ndinawasamala ndekha momwe ndikanathera. Ndinkawasambitsa, kuwanyowetsa milomo, kuwabaya mankhwala opha ululu pa nthawi yake. Sanandisinthire nkhope, ankandithokoza pa chilichonse, ndipo kuthokozako n'kumene kunkandilasa. Nkhani ija sanaitchulenso. Lachinayi kunawomba chimphepo, mazenera akugwedera, ndinawaona akunjenjemera atagwira mikanda yofiira ija, maso ali pazenera. Ndinawafunsa ngati akumva kuwawa. Anati ayi. Wansembe anabwera kudzawadzoza madzulo ake. Lachisanu cha m'ma leveni m'mawa, ndikugawa mankhwala kuchipinda china, mnzanga anabwera kudzandikodola. Ndinawapeza atatha. Ndinawatseka maso ndi kuwamanga chibwano ndekha, ndipo mikanda ndi kolona ndinazisiya m'khosi momwemo ngakhale lamulo linkati tizichotsa. Mayi Dalton anaona, anayang'ana kumbali.

Kumanda tinalipo asanu ndi mmodzi: wansembe, ine, bambo anu, Mayi Dalton, wophika wamkulu, ndi Mayi Fatima, mzimayi wa ku Portugal amene ankakolopa pansanjika yathu. Nthaka inali itauma gwa ndi chisanu, dzenje anakumba ndi makina. Kwathu maliro otere sitikanawatcha maliro.

1978

Iwe Madalitso unabadwa mu Malichi, wamphumphu, wolira mokweza. Bambo anu anakupatsa dzinalo. Anthu a kumpingo amene ndinawauzako nkhaniyi anati Mulungu wandilipira chifukwa choima nji. Mawu amenewo sanandikhalepo bwino. Sindikhulupirira kuti unagulidwa ndi mantha a mayi wokalamba amene anafa akuyang'ana zenera lokhomedwa. Ndinasiya kuuza anthu.

Maliro atangochitika ndinali nditalembera Lurdes. Adiresi ndinaipeza pamakalata a m'chikwama cha mayi ake, ndipo Mayi Fatima anandithandiza kulemba m'Chipwitikizi popeza chilankhulo chawo n'chimodzi. Ndinamuuza za matenda, za tsiku, za manda, ndi kuti amayi ake sanafe okha. Yankho linafika mu Epulo, ndili patchuthi cha uchembere. Ndinapita nalo kuntchito nditakubereka, ndinawapeza Mayi Fatima m'kachipinda ka zokolopera, anapukuta manja n'kuyamba kundiwerengera. Lurdes anathokoza kwambiri. Anati amayi ake ankanditchula m'kalata iliyonse, moti iye ankachita nsanje ndi mchemwali wa ku Afirika amene sanamuonepo. Anati zithunzi za ana ake zimene ankatumizira amayi ake zikhale kwa ine. Mayi Fatima anafika kumapeto n'kuima.

"Pali funso," anatero.

"Werengani."

"Akuti, amayi anamwalira patangopita masiku asanu chidutsireni tsiku la Barbara woyera. Akuti, ndikudziwa kuti sakanatha kudzuka. Kodi panapezeka wowaperekera zisanu ndi zinayi zija? Ndiuzeni zoona, mchemwali, chifukwa ngati sizinaperekedwe pali zimene tiyenera kuchita kuno kuti apume, ndipo ngati zinaperekedwa mtima wanga ukhala pansi."

Mayi Fatima anapinda kalata n'kundipatsa. Anati tsiku lililonse ndikakonzeka ndiwauze, alemba. Ndinagula pepala la kalata ya pandege tsiku lomwelo, ndinalembapo adiresi. Kuti ndinene kuti zinaperekedwa, ndikanamunamiza, ndipo zoyenera kuchitazo sakanazichita. Kuti ndinene zoona, akanadziwa kuti mchemwali wake anafika pamtengo n'kubwerera nazo. Ndinati ndiyankha ndikachira uchembere. Kenako ndinati ndiyankha ndikabwerera kuntchito. Mayi Fatima anandikumbutsa kawiri, kachitatu anangondiyang'ana. Chaka chotsatira anasamukira ku Brampton ndi ana awo, ine ndinasinthidwa kupita kuchipatala chachikulu cha pakati pa mzinda, kumene ndinagwira zaka makumi awiri ndi zitatu mpaka kupuma.

Pa zaka zimenezo ndinalakwitsapo zinthu zina pantchito, ndipo chilichonse ndinakachinena ndekha kwa mabwana anga tsiku lomwelo. Za pamtengo zija ndimatha kudziikira kumbuyo, ndinali ndi mantha ndiponso ndinali ndi chikhulupiriro changa. Za kalatayi ndilibe podziikira. Lurdes sanandipemphe nsembe, anandipempha mawu amodzi okha, inde kapena ayi, kuti iye akachite yekha zimene ine zinandikanika. Mu 1991 ndinalimba mtima n'kulemba zonse, wina wa kutchalitchi anandimasulira. Kalatayo inabwerera patatha miyezi inayi, itadindidwa kuti pamalopo munthuyo sakudziwika.

Lurdes ngati ali moyo ndi nkhalamba ngati ine. Anandifunsa mu Epulo 1978, ndipo sanamve yankho.